Hard drive ya Mac pa Windows, ya Windows pa Mac: pulogalamu iti, nanga n'koyenera kulipira?

Sabata yotsatira mwambo wa Kulamba ndi imene ma hard drive amandichulukira pa shopu yanga kuno ku Chipata. Anyamata ojambula vidiyo amakhala atangobwerako ku Mkaika, fumbi la Katete likadali m'nsapato, aliyense akufuna ntchito ituluke eni ake asanayambe kuimba foni. Kumayambiriro kwa Malichi, Nc'wala ikatha ku Mtenguleni, zimakhalanso chimodzimodzi. Mmodzi mwa anyamatawa anandipeza m'mawa ndisanamalize n'komwe kusesa pakhonde, external (hard drive yolumikiza ndi chingwe cha USB) ili m'manja, ataikulunga m'kansalu ngati mwana wodwala.

"Amalume, yafa iyi. Kompyuta ikuti ndiifomate."

"Wadina kale?"

"Ayi, ndinaopa."

"Mantha akowo ndi amene akupulumutsa. Khala pansi."

Anajambula mwambowo limodzi ndi mnzake wa ku Lusaka amene amagwirira ntchito pa MacBook. Mnzakeyo anakhuthulira makadi onse a kamera mu external, n'kumusiyira, iye n'kukwera basi. Mnyamata uja atailumikiza pa laputopu yake ya Windows, panatuluka kabokosi ka mabatani awiri, Format disk ndi Cancel. External inali yamoyo bwinobwino. Windows ndi imene sinkatha kuiwerenga.

Hard drive ili ngati shedi ya chimanga. Matumba ali m'katimo, koma kuti mudziwe kuti thumba la uje lili pati, mumadalira kaundula wa kalaliki. Kaundula ameneyu ndiye file system, ndipo kampani iliyonse inalemba wake m'kalembedwe kakekake. Microsoft ili ndi NTFS, imene inabwera ndi Windows NT mu 1993. Apple inali ndi HFS+ kuyambira mu 1998, imene pa Mac mumaiona italembedwa kuti Mac OS Extended, kenako mu 2017 inasamukira ku APFS. Makompyuta ambiri a Linux amayendera ext4, ya mu 2008. Windows ikapatsidwa kaundula wa Apple kapena wa Linux sivomera kuti chilankhulocho sichidziwa. Imangoti bukuli mulibe kanthu, ndipatseni ndilembe langa. Kufomata ndiko kung'amba kaundula wakaleyo. Matumba amatsala m'shedi, koma palibenso wodziwa kuti ili ndi la yani, ndipo chilichonse chatsopano chimene mungaikemo chimakhala pamwamba pa zakale.

Musanatsitse pulogalamu iliyonse, dziwani kaye chimene mwagwira. Njira yachidule ndi kuimbira mwini wake n'kumufunsa kuti anaifomatira pa kompyuta yanji. Paja safunsa anadya phula. Ngati foni yake sikupezeka, dinani batani la Start ndi mbali yakumanja ya mouse, mutsegule Disk Management. Mukaona kagawo kakang'ono ka 200 MB kolembedwa EFI kutsogolo, kenako chigawo chachikulu chopanda dzina la file system, kawirikawiri imeneyo yachokera ku Mac. Nthawi zina Windows sifunsa n'komwe za kufomata: kanyali ka external kamayaka, koma mu This PC simutuluka kanthu. Matenda ake ndi omwewo. Koma chenjerani ndi mawu akuti RAW, chifukwa amatulukanso pa hard drive ya Windows yomweyo ikawonongeka. Ndipo ngati ikulira kuti tiki, tiki, tiki m'kati, izuleni pomwepo. Imeneyo si nkhani ya pulogalamu.

Funso lachiwiri ndi limene limasankha zonse: mukufuna kungotulutsamo zinthu, kapena mukufunanso kuikamo? Mwa anthu amene amabwera pa shopu pano, ochuluka zedi amangofuna kutulutsa, kamodzi kokha. Amenewo sayenera kulipira ngakhale ngwee imodzi.

External ya Mac, kompyuta ya Windows

Yakale pa zaulere zonse ndi HFSExplorer. Ndi kapulogalamu kakang'ono, koma kamafuna kuti pa kompyuta pakhale pulogalamu ina yotchedwa Java, ndiye muwerengerenso bandulo yotsitsira imeneyo. Mumakatsegula ngati administrator, n'kukalozera hard drive, mafoda onse n'kuonekera m'windo lakelake. Mukasankha chimene mukufuna mumadina Extract, iko n'kukopera kumene mwakauza. Sikalemba kanthu pa hard drive, choncho sikangaiwononge. Vuto lake n'lakuti kamalekera pa HFS+. APFS sikaidziwa, ndipo ma external ambiri ofomatidwa pa Mac zatsopano ndi a APFS. Zaka khumi zapitazo ndikanakuuzani kuti yambirani pamenepa. Lero ndimakasunga kaamba ka ma hard drive akale a kumatchalitchi ndi m'maofesi a mabungwe, amene anafomatidwa kalekale n'kuiwalika m'kabati.

Imene ndimayambira masiku ano ndi Linux Reader ya kampani ya DiskInternals. Dzinalo lisakusocheretseni. Imawerenga ext2, ext3 ndi ext4 za Linux, inde, komanso HFS+ ndi APFS. Nayonso imangowerenga. Imakuonetsani zithunzi musanazikopere, chimene chimathandiza mwini wake akaima kumbuyo kwanu n'kumati "osati foda imeneyo, inayo". Mukasankha mumadina Save, n'kudutsa timawindo tingapo. Ikhala ikukunyengererani kuti mugule ya Pro, koma pa ntchito wamba yokopera mafayilo yaulereyo imakwana. Chimene simungachite ndi kutsegula vidiyo mu pulogalamu yokonzera vidiyo monga Premiere kapena DaVinci Resolve ili pa external pomwepo. Muyenera kukopera kaye zonse kwina, kutanthauza kuti mukhale ndi malo okwanira. Apa ndi pamene anyamata ambiri amagwira mutu: external ya 1 TB yodzaza, laputopu ya 256 GB.

Palinso 7-Zip, imene ambiri muli nayo kale yotsegulira mafayilo a zip. Imatha kuwerenga ext4 ndi HFS+, ndipo kuyambira mtundu wa 22.00 wa mu 2022 imawerenganso APFS. Imathandiza kwambiri munthu akakutumizirani fayilo ya dmg, imene ili ngati disk ya Mac yomangidwa m'fayilo imodzi. Pa hard drive yathunthu ndimaiyesa pokhapokha zina zakanika.

Tsopano zolipira. Kusiyana kwake n'kwakuti izi zimalowa m'kati mwa Windows, moti external ya Mac imatuluka mu This PC ndi chilembo chake ngati flash ina iliyonse. Mumatsegula, kusintha, kusunga, kufufuta, zonse pomwepo. Kampani ya ku Germany ya Paragon Software imagulitsa HFS+ for Windows ndi APFS for Windows payokhapayokha, ndiye mukagula yolakwika mwataya ndalama. N'chifukwa chake ndayamba ndi nkhani yodziwa chimene mwagwira. Zonse ziwiri amakulolani kuyesa kwa masiku 10, ndipo kunena zoona, ntchito ya ukwati umodzi kapena mwambo umodzi imatha m'masiku amenewo. MacDrive, imene pano ili m'manja mwa kampani ya OWC, imatenga HFS+ ndi APFS pamodzi, imathanso kufomata ndi kukonza ma disk a Mac muli pa Windows. Mtengo wake umakhala wokwererapo, koma ngati muli ndi situdiyo imene ma external a Mac amabwera mwezi ndi mwezi, iyi ndi imene ndingakulozereni, chifukwa simudzafunikanso kufunsa kuti uyu ndi wa mtundu wanji. TransMac ndiyo ili pakatikati: imagwirira ntchito m'windo lakelake, imalemba pa HFS+ koma APFS imangoiwerenga. Amisiri amaikondera china, kupanga flash yoikira macOS pa Mac imene yakana kuyaka.

Zonsezi amagulitsa m'madola, pa khadi ya Visa kapena Mastercard, ndiye mtengo wake m'makwacha umadalira tsiku limene mwagula. Ndikudziwa chimene ena mukuganiza, chifukwa m'ma flash oikira mapulogalamu amene amazungulira m'tauni muno zinthu zothyola loko zimapezekamo. Pa pulogalamu yoimbira nyimbo mwina mungatseke maso. Koma izi ndi driver zimene zimakhala pakati pa Windows ndi hard drive, ndipo chilichonse cholembedwa chimadutsa m'manja mwake. Kupereka ntchito imeneyo kwa pulogalamu imene munthu wosadziwika anaisokoneza m'kati kuli ngati kusungitsa thumba la mtedza kwa mbewa.

Ngakhale mutagula yeniyeni, pali chizolowezi chimodzi chimene sindichisiya. Hard drive ya kasitomala, ngati zimene zilimo kulibenso kwina, sindilembapo kanthu. Pulogalamu ya Paragon ili ndi posankha kuti disk itsegulidwe mongowerenga, ndipo ndimasankha pamenepo. Kuwerenga kaundula wa mnzako n'kosavuta. Kulembamo m'chilankhulo chimene unachita kuphunzira ndi pamene zolakwika zimachitikira, makamaka magetsi akathima cholembera chili papepala.

External ya Windows, kompyuta ya Mac

Mbali iyi njopepukirapo, ndipo ambiri amagula pulogalamu asakuifuna. Mac imawerenga NTFS payokha popanda kuikamo chilichonse. Lumikizani, tsegulani, koperani zimene mukufuna. Chimene imakana ndi kulemba: simungaikemo fayilo, simungafufute, simungasinthe dzina. Ndimakumana nazo kwambiri kwa anzathu ogwira ntchito m'malo ogona alendo ku Mfuwe. Mlendo wajambula kambuku ku South Luangwa, akufuna kumusiyira zithunzi amene amamuyendetsa, koma external ya mnyamatayo ikukana kulandira kuchokera ku MacBook. Pa nkhani ya tsiku limodzi ngati imeneyo, flash ya exFAT imathetsa zonse, ndipo ndifikako posachedwa.

Amene muli ndi Mac yanuyanu, koma anthu onse okuzungulirani ali pa Windows, monga zilili m'maofesi ambiri kuno kum'mawa, inu ndiye mufunika driver. Zodziwika ndi ziwiri: NTFS for Mac ya Paragon, ndi ya kampani ya ku Finland ya Tuxera. Zonse zimagwira bwino, ndipo mukaziika mumaiwala kuti zilipo. Musanatulutse khadi, onani dzina la hard drive yanu. Seagate yakhala ikupereka driver ya Paragon kwaulere pa webusaiti yake, yogwira pa ma hard drive a Seagate okha. Ngati external yanu ndi imeneyo, nkhani yatha.

Yaulere yodziwika ndi Mounty. Kale inali yophweka, chifukwa inkangodzutsa mphamvu yolembera NTFS imene Apple inaibisa m'kati mwa macOS. Kuyambira macOS Ventura ya mu 2022 khomo limenelo linatsekedwa, ndipo Mounty yatsopano imadalira zinthu zina ziwiri, macFUSE ndi NTFS-3G, zimene muyenera kuika nokha, zina podutsa mu Terminal, windo lolembamo malamulo. Ikagwira imagwira, koma pa mafayilo akuluakulu imayenda mwaulesi poyerekeza ndi zolipira zija. Mwana wasukulu wokonda kusewera ndi kompyuta aiyese. Mayi wa ofesi amene akufuna lipoti lipite lero lomwe, ayi.

Pali chopinga china chimene chimakhudza zolipira ndi zaulere zomwe. Mac zokhala ndi chip cha Apple, kuyambira M1 ya mu 2020, sizilola driver yolowa m'kati mwenimweni mwa system pokhapokha mutazimitsa kompyuta, kuiyatsa mogwirira batani mpaka ilowe mu Recovery, n'kusankha Reduced Security. Dzinalo limaopsa anthu, ndipo ngati laputopuyo ndi ya kuntchito, a IT anu akhoza kukana kapena anatseka kale. Komanso Apple imatulutsa macOS yatsopano chaka chilichonse, choncho musanadine update, onani kaye ngati driver yanu yakonzeka kuyenda nayo.

Kanthu kena kamene kamasokoneza anthu: mwaika driver bwinobwino, koma external ikukanabe kulandira. Kawirikawiri ndi chifukwa chakuti inazulidwa pa Windows popanda kudina Eject, ndipo NTFS inatsala ndi chizindikiro chakuti ntchito sinathe. Ibwezereni pa Windows, muilole iiyang'ane ndi kuikonza, kenako muitulutse mwaulemu. Hard drive yochotsedwa m'kati mwa laputopu yakufa imachitanso zomwezo, chifukwa kuyambira Windows 8 pali Fast Startup, imene mukadina Shut down siizimitsiratu kompyuta, imangoigoneka.

Za Linux, mwachidule, ndi ka flash kamene sindiyenda popanda iko

Ma disk a ext4 amabwera apo ndi apo, makamaka ochokera m'makompyuta opatsidwa kumasukulu amene ena amafika ali ndi Ubuntu, mtundu wina wa Linux. Kungotulutsamo zinthu, Linux Reader ija yakwana. Kulembamo, Paragon ili ndi Linux File Systems for Windows. Pa intaneti mupezanso malangizo akale otamanda Ext2Fsd. Mtundu womaliza wochokera kwa mwini wake unatuluka mu 2017, ndipo ext4 ya masiku ano ili ndi zina zimene pulogalamuyo siizidziwa bwino, moti ikalemba ikhoza kuwononga. Isiyeni. Pa Windows 11 pali njira ya Microsoft yomwe, lamulo la wsl --mount la mu WSL 2, limene limapereka disk kwa Linux yeniyeni yoyenda m'kati mwa Windows. Ndi yaulere ndipo njodalirika, koma ndi ya anthu ozolowera kulemba malamulo, ndipo ma flash wamba ndi ma memory card sailandira.

Chimene ndimachikonda kuposa zonsezi si pulogalamu ya pa Windows ayi. Ndi flash imene ndinaikamo Linux Mint pogwiritsa ntchito pulogalamu ya Ventoy. Rufus nayonso imachita ntchito yomweyo. Mumayatsira kompyuta pa flash imeneyo, osaika kanthu pa hard drive yake, ndipo mumapezeka muli mu Linux imene imawerenga ndi kulemba ext4, NTFS, FAT32 ndi exFAT payokha. NTFS inkadutsa mu NTFS-3G kwa zaka zambiri, ndipo kuyambira kernel (mtima wa Linux) 5.15 ya mu 2021 muli driver ina imene a Paragon omwewo anapereka. HFS+ imaitsegula mongowerenga ngati ili ya mtundu wa Journaled, umene ndi wofala. APFS yokha ndi imene imafuna muikenso kanthu kena kotchedwa apfs-fuse, ndipo pamenepo ndimangobwerera ku Linux Reader. Mtengo wa njira iyi ndi bandulo yotsitsira fayilo ya ma gigabyte angapo, kamodzi kokha. Tsitsani usiku, kapena pemphani kwa mmisiri mnzanu. Windows ikakana kuyaka pa laputopu ya mwana wa koleji, ntchito yake ya chaka chonse ili m'katimo, ka flash kameneka ndi kamene kamaitulutsa.

Kapena musaike pulogalamu iliyonse

Ngati hard drive ndi yanu, ndipo ntchito yake ndi kuyenda pakati pa makompyuta osiyanasiyana, ikhuthuleni zonse kwina n'kuifomata kukhala exFAT. Microsoft inaitulutsa mu 2006, Mac inayamba kuiwerenga ndi kuilemba mu 2010, ndipo Linux inailandira m'kernel yake mu 2019, Microsoft itatsegula kalembedwe kake kwa aliyense. Ma memory card a kamera opitirira 32 GB amabwera ali kale exFAT. Palibe driver, palibe madola, palibe Reduced Security.

Ndiye n'chifukwa chiyani sindinangoyamba ndi imeneyi n'kutseka nkhani? Chifukwa exFAT ili ndi chilema chimene kuno kwathu chimapweteka. NTFS, HFS+ ya Journaled ndi ext4 zimasunga kabuku kapambali kolemba chimene zikufuna kuchita zisanachite, moti magetsi akathima pakati, zimadziwa pamene zinalekera. APFS ili ndi njira yakeyake yodzitetezera. exFAT ilibe. Ikadulidwa ili m'kati molemba, foda yonse ikhoza kusokonekera. Amene munagwira ntchito mu 2024, chilala chitatsitsa madzi ku Kariba, magetsi n'kumasowa tsiku pafupifupi lonse, mukudziwa kuti sindikunena nthano. Choopsa kwambiri ndi kompyuta ya pa desiki yopanda UPS, batire logwirizira magetsi akathima, ndi ma external akuluakulu aja okhala ndi pulagi yawoyawo. External yaing'ono yodyera magetsi ku laputopu ili bwinoko, koma nayo mdani wake ndi chingwe cholobodoka ndi mwana wodutsa pansi pa tebulo. Choncho kwa ine exFAT ndi njinga ya kabaza: imakufikitsani kulikonse m'tauni, koma simusungirapo katundu wa m'nyumba. Zithunzi za ukwati wanu, mapepala a munda, ntchito za makasitomala, zikhale pa NTFS ngati muli wa Windows, pa APFS kapena HFS+ ngati muli wa Mac, ndipo exFAT ikhale yonyamulira kope chabe.

FAT32 ndi agogo ake a exFAT, ya mu 1996, ndipo sinafe chifukwa chilichonse chokhala ndi bowo la USB chimaidziwa. Wailesi ya m'minibasi, TV yakale, sipika ya pa kitchen party, makina ena osindikizira: zambiri mwa izi exFAT kapena NTFS sizimva. Malire ake ndi akuti fayilo imodzi singapitirire 4 GB. Ndiye mukaona flash ya 32 GB yopanda kanthu ikukana vidiyo ya ukwati ya 6 GB n'kumati fayilo yakula, flash sinaonongeke, ndi FAT32 imeneyo. Kabokosi kofomatira ka Windows sikapereka FAT32 pa flash yopitirira 32 GB, koma Rufus imatha, ndipo pa Mac mumasankha MS-DOS FAT mu Disk Utility. Muli pomwepo, pa Scheme sankhani Master Boot Record ngati flash ikupita ku wailesi kapena TV, chifukwa zambiri GUID siziidziwa.

Dalaivala wina wa minibasi ya Chipata–Katete anabwera tsiku lina atakwiya, akuti mwana wa mlongo wake wamuikira nyimbo zakufa. Nyimbo iliyonse inkaoneka kawiri pa wailesi, ina yoimba, ina yongodumpha. Nditatsegula ndinapeza timafayilo tating'onoting'ono toyamba ndi kadontho ndi kamzere kapansi, kutsogolo kwa dzina la nyimbo iliyonse. Mac imasiya timeneti pa flash ya FAT32 kapena exFAT posungira zinthu zake. Pa Mac sitioneka, koma wailesi imatiyesa nyimbo. Si virus. Mungatifufute pa Windows popanda vuto, kapena pa Mac pomwepo ndi lamulo la dot_clean. Virus yeniyeni ndi ija imasandutsa mafoda onse kukhala ma shortcut, ndipo imeneyo ilibe chochita ndi nkhani yathuyi.

Makompyuta onse awiri akakhala m'chipinda chimodzi, mukhozanso kuiwala za flash. LocalSend ndi yaulere, ilipo ya Windows, Mac, Linux, Android ndi iPhone, ndipo imatumiza mafayilo kudzera pa WiFi ya m'nyumba kapena hotspot ya foni popanda kukweza kanthu pa intaneti. Pa zithunzi ndi zikalata ndi yabwino zedi. Pa 300 GB ya vidiyo mugona pomwepo. Google Drive imapereka 15 GB yaulere, yokwana mapepala. Kukweza vidiyo ya mwambo wonse pa bandulo ndi kwa anthu olemera kuposa ine.

Zimene palibe pulogalamu ingatsegule

Hard drive yokhomedwa ndi BitLocker ya Windows, kapena APFS yokhala ndi password, imafuna kiyi wake, basi. Mapulogalamu ena amatha kuitsegula mukawapatsa password, koma palibe imene imalumpha mpanda. Ya BitLocker, kiyi wake wa manambala 48 nthawi zambiri amapezeka mu akaunti ya Microsoft ya mwini laputopu, ndiye yambani mwafunsa kumeneko.

Chimene chimandimvetsa chisoni kwambiri ndi memory card ya foni. Kuyambira Android 6.0 ya mu 2015, mafoni ena amafunsa ngati mukufuna khadi ikhale yonyamulika kapena ikhale mbali ya malo a m'kati mwa foni. Mukasankha yachiwiriyo, foni imaifomata m'kalembedwe ka Linux n'kuikhoma ndi kiyi amene amakhala m'foni momwemo. Foni ikafa kapena ikabedwa, khadi imatsala ngati mwala. Amayi ena ochokera ku Chadiza anabwera ndi khadi yotere, muli zithunzi za malemu amuna awo. Ndinayesa zonse zimene ndatchula pamwambapa ndikudziwa kale yankho, kungoti ndisawabweze manjamanja msanga. Ngati foni ikadali yamoyo, bwezeranimo khadiyo, mulumikize foniyo pa kompyuta ndi chingwe, mukopere zonse lero. Ma hard drive a makamera achitetezo a m'masitolo nawonso ambiri ali ndi kalembedwe ka kampani yake. Vidiyo yake itulutseni kudzera pa makina akewo, musaichotse n'kuika pa Windows.

Nanga amene mwadina kale Format disk? Zulani, musaikemo ngakhale fayilo imodzi. Kufomata kwachangu kumang'amba kaundula yekha, ndipo TestDisk ndi PhotoRec, zonse zaulere, nthawi zambiri zimatolera matumba otsala, bola muzitolera kupita ku disk ina. PhotoRec imabweza mafayilo opanda mayina awo akale ndi mafoda, ndiye konzekerani kukhala sabata mukutsegula chimodzichimodzi. Pa SSD, mtundu wa disk wopanda chozungulira m'kati, mwayi umachepa kwambiri.

Ya mnyamata wa ku Kulamba uja inapezeka kuti ndi APFS yopanda password. Tinaitsegula ndi Linux Reader, iye n'kuthamangira ku Kapata kukabwereka external ina kwa msuweni wake, poti laputopu yake inalibe malo. Kukopera kunayamba cha m'ma 9 koloko. Magetsi anathima dzuwa lili paliwombo, batire la laputopu n'kutha tisanafike theka, ndipo atayakanso tinapitiriza kuyambira pa foda imene inadukira. Pa external ya Mac ija panalibe chimene chinakhudzidwa, poti sitinalembepo kanthu. Tinamaliza anthu akuweruka m'maofesi. Anafunsa ngati agule ya Paragon, ine ndinamufunsa kuti mnzake wa ku Lusaka amagwira naye ntchito kangati pa chaka. Anati kawiri, Nc'wala ndi Kulamba. Ndinadula kachidutswa ka tepi yoyera, n'kumata pa external ya msuweni wakeyo, n'kulembapo NTFS. Pa inayo ndinalembapo Mac, musafomate. Ya exFAT yonyamulira akuti agula ntchitoyi ikalipidwa.